Mantha a Dzenje

Amuna anga anayamba gofu imvi zitayamba kale kuoneka, ndipo wowakopa anali mlamu wanga, mng'ono wawo, yemwe chilichonse chodula amachitcha masewera olimbitsa thupi. Iye anasewera pang'ono, n'kutopa, n'kudzatisiyira chikwama cha ndodo pakhonde ngati mwana wamasiye. Vuto linatsala ndi ife.

Iwo ndi dokotala wa mano. Ine ndine amene ndimaima kumanzere kwawo, kuwapatsira zida, kugwira kapaipi koyamwa malovu, ndi kuuza odwala kuti sizipweteka pomwe ndikudziwa kuti zipweteka ndithu pang'ono. Kachipatala kathu kali pamwamba pa sitolo ya nsapato, ndipo tinakayamba awiri, tili ndi mpando umodzi wogula kwa dokotala wina amene ankapuma ntchito. Dzanja lawo lamanja ndimalidziwa kuposa nkhope yawo, chifukwa nkhope imakhala m'masiki tsiku lonse pomwe dzanja limakhala pamaso panga. Likatambasuka ndimadziwa chomwe likufuna iwo asanatsegule pakamwa.

Kubwalo la gofu anakapeza bambo wina wamtali, wosakonda kuseka, amene aliyense ankangomutcha Kochi. Kochiyu anali ndi chiphunzitso chake. Ankati anthu ambiri amazungulira bwalo zaka ndi zaka akucheza ndi anzawo, n'kumati akuphunzira, pomwe akungokhwimitsa zolakwa zawo. Wofuna kudziwadi gofu asankhe cholakwika chimodzi chokha, achibwereze mpaka achimvetse, adzijambule pafoni, aone, akonze, abwerezenso. Zomwe ukuzitha kale uzisiye, ukakamire pomwe pakukuvuta. Amuna anga atamva zimenezi maso anawala. Munthu amene amatha kutaya m'mawa wonse akusalaza dzino lakumapeto, lomwe mwini wake sadzaliona n'komwe, anali atapeza mnzake womumvetsa.

Ndiye gofu analowa m'banja mwathu ngati mkazi wachiwiri, ndipo analowa popanda odi. M'mamawa anali kubwalo, kumenya timipira dengu lathunthu ndi ndodo imodzi yomweyo. Masana, wodwala akachedwa, ankagoneka kapu pakapeti ya m'khonde la chipatala n'kumakankhiramo kampira koyera. Madzulo wogwira foni ndinali ine, kuwajambula pakapinga kuseri kwa nyumba, kenako n'kukhala nawo pansi kuonera chiuno cha munthu wamkulu chikutembenuka pang'onopang'ono.

"Mwachiona chigongono icho, mayi? Chikuthawa."

"Chikuthawa inu, bambo. Nane posachedwa ndichitsatira."

Ankaseka, n'kunena kuti ndijambulenso kamodzi, ndipo kamodziko kankabala ana. Ndisaname, zinkawayendera. Mlamu wanga uja, amene anawaphunzitsa kagwiridwe ka ndodo, anasiya kuyankha foni akamuitana kuti akapikisane.

M'gofu muli kumenya kwa mphamvu, komwe kampira kamauluka mpaka osakaonanso, ndiye muli kukankha kwa pafupi ndi dzenje, komwe umangokakhudza mofatsa kuti kagubuduke n'kugweramo. Vuto linayambira pafupi ndi dzenjepo. Kampira kakatsala pang'ono, poti ngakhale ine ndikanakalowetsa ndi tsache, dzanja lawo lamanja linkadzidzimuka, ndodo n'kukalasa, kampira n'kudutsa pambali. Ndinaliona pafoni, ndinalionanso m'khonde la chipatala. Kwa milungu ingapo ankabwera kunyumba nkhope ili yakugwa.

Tsiku lina anabwera akumwetulira.

"Vuto lija lili ndi dzina, mayi. Kochi akuti amawatcha mantha a dzenje. Sagwira ophunzira ayi, amagwira osewera amene afika penapake. Ukayandikira dzenje mutu umaganiza kwambiri, dzanja n'kudzidzimuka."

Ananena monyadira, mungati apatsidwa mendulo.

"Mankhwala ake?" ndinafunsa.

"Kuyeserera basi."

Sindinasangalale nawo. Dzanja limenelo ndinali nditayamba kuliona kale kumalo komwe kulibe kapinga. Ndinaliona patebulo m'mawa, supuni ikulira m'mbali mwa kapu iwo asakutakasa. Ndinaliona pamaloboti, galimoto itaima, chala chachikulu chikusisita chinzake pachiwongolero. Ndinaliona akulimbana ndi batani la malaya. Ndinawauza kuti m'kapu ya tiyi mulibe dzenje la gofu, iwo anati anamwa khofi wambiri kubwalo. Ndinachita mantha, ndipo mantha anga anatuluka ngati mkwiyo, monga mwa nthawi zonse. Tinadya chakudya cha tsiku limenelo osayang'anana.

Kochi anawaphunzitsa kagwiridwe katsopano. Dzanja lamanja lisafinye ndodo, lingoitsamira. Lamanzere ligwire ndodo pamodzi ndi mkono wamanja, kuzipanikiza kuti zikhale chinthu chimodzi. Kenako kupuma mozama, kutulutsa mpweya theka, kuugwira, n'kukankha. Amuna anga anazibwereza m'khonde mpaka kapeti inachita mzere wopyapyala kuchokera pakhomo la chimbudzi kukafika pakapu. Ndipo zinagwira ntchito. Timipira tinayambanso kugwera m'dzenje, Kochi anawagwira chanza, kubwalo anayamba kuwaloza kuti uyo ndiye anagonjetsa mantha a dzenje.

Tsiku lina tinali ndi wodwala pampando, mayi wina wogulitsa m'sitolo ya pansi ija. Ndinawapatsa jakisoni wa dzanzi m'dzanja, monga ndachitira moyo wanga wonse. Anaulandira, kenako dzanja lamanzere, lomwe ntchito yake ndi kukoka tsaya, linasiya tsaya n'kukagwira mkono wamanja. Ndinamva akupuma mozama m'masiki, akutulutsa theka, akugwira. Singano inalowa bwinobwino. Ine kagwiridwe kameneko ndinali nditakajambula kambirimbiri pakapinga.

Wodwala atapita ndinatseka chitseko.

"Bambo, mwabweretsa gofu m'kamwa mwa anthu?"

"M'mano namonso muli maenje, mayi," anatero akuvula magolovesi, akuyesa kuseka.

"Musandiseketse. Tiyeni tikaonane ndi dokotala wa minyewa."

Kumwetulira kunazima. Anakhala pakampando kawo ka mateyala n'kuyang'ana pansi.

"Ameneyo akangolemba dzina papepala, ine ndatha. Mukudziwa inu. Chiphaso cha udokotala adzandilanda, mpando uwu mudzagulitsa ngati mmene tinaugulira. Ndidzakhala ndani? Kochi watchula kale dzina, ndipo dzina lakelo lili ndi mankhwala."

"Ndiye mwasankha dzina lomwe mwalikonda?"

"Ndasankha lomwe ndingalimbane nalo."

Apo ndinadziwa kuti si kuti sakuona. Akuona bwinobwino, kungoti atembenuzira nkhope kwina. Ndinawamvera chisoni, koma chisoni changacho sichikanateteza lilime la munthu wogona pampando.

Ndinapita ndekha kubwalo la gofu, malo omwe ndinalumbira kuti sindidzapondako. Kunali mitambo yakuda ndi kamphepo, osewera ambiri atathawa kale. Kochi ndinamupeza akutola timipira pansi pa mtengo. Ndinadzitchula kuti ndine mkazi wa adokotala, n'kumufunsa mosapita m'mbali ngati mantha a dzenjewa munthu amapita nawo kunyumba.

"Ayi, amayi," anatero. "Amatsalira pakapinga pompano. Munthu akalowa m'galimoto amawasiya."

"Nanga akamadya nawo, akamavala nawo malaya?"

Anaima ndi kampira m'manja, n'kuyang'ana mbendera yomwe inkawombedwa ndi mphepo chapatali.

"Ndiye si anga amenewo."

"Muwauze choncho. Inu amakumverani kuposa ine."

"Ndinawafunsapo, amayi. Anandiyankha kuti kunyumba ndi kuntchito dzanja lili phee. Ine manja a anthu ndimawaona ali ndi ndodo basi." Anaponya kampira m'dengu. "Sindinaphunzitsepo munthu wolimbikira ngati iwo. Amenewo chilichonse angachibise, akangochiyeserera mokwanira."

Ndinabwerera mvula itayamba kudontha, mtima uli m'mwamba kuposa mmene ndinapitira.

Sabata yotsatira kachitsulo koboolera kanadumpha n'kucheka m'kati mwa mlomo wa dalaivala wina wa basi. Bala linali laling'ono, koma magazi anadzaza kapaipi kanga.

"Mwasuntha, achimwene," anatero amuna anga mofatsa.

Dalaivala anapepesa. Munthu anapepesa ali ndi thonje m'kamwa, pomwe anali atagona duu ngati mtembo. Ine ndinapukuta magazi osanena kanthu, ndipo ndinadana nako kukhala chete kwangako.

Kenako kunabwera telala wa pamsewu wathu, mayi wachitsikana wolongolola, amene amatisokera makatani ndi mayunifolomu. Tsaya linali litatupa. Ekiseleyi inaonetsa dzino lakumapeto la m'munsi litamera mopingasa, lobisika m'nkhama, mizu yake itatsamira pamtsempha womwe umapatsa mlomo moyo. Dzino lotere sulizula ndi chopanira. Umang'amba nkhama ndi kampeni, n'kuboola fupa, n'kuliduladula dzinolo, n'kulitulutsa zidutswa. Ntchitoyi imatenga nthawi yaitali, ndipo manja onse awiri amakhala ndi ntchito yakeyake. Chida chikaterereka pang'ono chabe n'kukhudza mtsempha uja, mlomo umafa dzanzi mpaka kalekale.

"Timutumize kuchipatala chachikulu," ndinatero atachoka.

"Mano otere ndazula angati, mayi?"

"Ambiri. Ndi dzanja lina."

"Ukakamire pomwe pakukuvuta," anatero, ndipo anamulembera tsiku.

Madzulo ake anabwera ndi phukusi lochokera kubutchala. Munali zibwano za nkhosa, mano ali momwemo. Anazipanika patebulo la m'chipinda chophikira zida, n'kuimika foni pa botolo, n'kuyamba kung'amba ndi kampeni. Ankang'amba, n'kuonera, n'kutenga chibwano china. Nditakana kugwira foni sanandikakamize. Masiku onse otsatira, odwala akatha, ndinkamva fungo la nyama yaiwisi likutuluka pansi pa chitseko, ndi kupuma kuja, mozama, theka, kugwira. Tsiku lina atapita kubwalo ndinatsegula chidebe cha zinyalala n'kuziyang'ana zibwanozo chimodzichimodzi. Zina zinali zochekedwa mwaluso ngati kale. Zina zinali ndi mzere wowongoka bwino womwe mwadzidzidzi unkakhotera pambali n'kulowa mozama.

Ndinawaonetsa chimodzi.

"Zikuchepa," anatero. "Zoipazo zikuchepa tsiku ndi tsiku."

"Telala ali ndi chibwano chimodzi chokha, bambo."

Anatenga ndodo yawo n'kupita m'khonde.

Ndikanatha kukanena kwa opereka ziphaso. Ndinaganizapo, foni ndinaigwira. Koma kukanenera mwamuna wako kwa alendo, mwamuna amene sanakukwezerepo mawu, si chinthu chomwe dzanja limachita msanga. Ndinkafuna asiye okha. Ndinkafuna aone okha, pamunthu amene sangamunene kuti wasuntha.

M'mawa wa tsiku la telala ndinaphika zida, ndinaziyala pathireyi, n'kuzivundikira. Kenako ndinavula masiki, ndinakwera pampando wa odwala n'kugona chagada.

"Dzino likundipweteka," ndinatero. "La m'munsi kumanjaku."

Anandiyang'ana kanthawi. Anayatsa nyali, anatenga kagalasi, ine n'kuyasamula. Kagalasi katangolowa ndinakamva kakugogoda dzino langa, ti ti ti, kaphokoso kakang'ono komwe kanamveka m'mutu monse. Iwonso anakamva. Anakatulutsa msanga.

"Mano anu ndimawadziwa onse, mayi. Palibe lodwala."

"Ngati dzanja lili bwino, ndibayeni jakisoni. Uja wakumapeto kwa chibwano, womwe mubaye telala."

"Mukundiyesa?"

"Eya, ndikukuyesani."

Ndinkakhulupirira kuti akana. Ndinkati akaona nkhope yanga pansi pa nyali, singano ili m'manja, mtima uwagwira, aika pansi, ndipo tilira limodzi n'kutseka chipatala. Ndinali nditakonza kale ndi mawu owatonthoza.

Anatenga jakisoni. Ndinaona nsonga ya singano ikuvina pamwamba pa maso anga. Kenako dzanja lamanzere linabwera n'kugwira mkono wamanja. Anapuma mozama, anatulutsa theka, anagwira. Singano inaima nji, n'kutsika, n'kulowa pamalo pake penipeni. Sindinamve ngakhale kutsina. Chibayireni anthu, sindikudziwa ngati anabayapo jakisoni wabwino kuposa ameneyo.

Anaika jakisoni pathireyi ina, ndipo ndinamva ukulira pachitsulo asanausiye. Thukuta linali mbwee pamphumi.

"Mwaona?" anatero, mawu akunjenjemera ndi chimwemwe. "Mwaona, mayi? Kuyeserera sikunama."

Ndinagona pomwepo ndikuyang'ana nyali. Ndinkadziwa chomwe ndaona. Kagwiridwe ka Kochi kamagwira nthawi ya mpweya umodzi, nthawi yokwanira kukankha kampira kapena kulowetsa singano. Dzino la telala silikanatuluka ndi mpweya umodzi, ndipo dzanja lamanzere silikanapeza mpata wolera linzake. Ndinkafuna kunena zimenezi, koma dzanzi linali litayamba kuyenda, kuchokera kuchibwano kupita kulilime ndi kumlomo. Iwo anali atatembenuka kale, akusamba m'manja, akuyang'ana ekiseleyi pakhoma.

"Muitaneni," anatero.

Ndinatuluka. Telala anali atakhala m'chipinda chodikirira, atagwira tsaya, chikwama chili pamiyendo. Ndinaima pakhomo n'kumuuza kuti apite kwawo, akaonane ndi dokotala wina. Ndi zomwe ndinafuna kunena. Zomwe zinatuluka zinali mawu ophwanyika, lilime likulemera, malovu akutsika pachibwano ine osawamva.

Telala anaseka mpaka anagwira tsaya ndi manja awiri.

"Amayi, nanunso akubayani lero? Ndiye mwandilimbitsa mtima! Ine sindinagone ndi mantha. Koma ngati mkazi wawo amagona pampando womwewo, ine ndiopenji?"

Ndinamugwira mkono, iye anaganiza kuti ndikumuthandiza kudzuka. Anandithokoza, anandipatsa kansalu kake kuti ndipukute pakamwa, n'kundidutsa kulowa m'chipinda. Ndinamva akupatsana moni ndi adokotala, ndinamva mpando ukutsika.

Ndinalowa, ndinavala masiki ndi magolovesi, n'kuima kumanzere, pamalo panga. Jakisoni wa telala unalowa bwino ngati wanga. Tinadikira kuti dzanzi ligwire, iye akulongolola za nsalu ya makatani mpaka mawu anayamba kumulemera. Amuna anga anamufunda nsalu yobiriwira, n'kumuuza kuti atseke maso. Ndinavundukula thireyi ya zida.

Dzanja linatambasuka.

"Mpeni."

Linali poyera pansi pa nyali, chikhatho chili m'mwamba, zala zikugwedezeka zokha. Telala sankaliona. Ndinkaliona ine, ndipo iwonso ankaliona, koma anali atayamba kale kupuma mozama.

"Mpeni, mayi."

Ndinanyamula thireyi yonse ndi manja awiri, n'kuisiya. Inagwa pansi ndi phokoso lomwe ndikuganiza kuti linamveka mpaka kusitolo ya nsapato. Kampeni, zopanira, zokokera, zonse zinamwazika, china chinagubuduka mpaka pansi pa sinki. Telala anadzuka ndi mfuu. Zida za opaleshoni tili nazo za thireyi imodzi yokha, ndipo chomwe chagwa pansi sichilowa m'kamwa mwa munthu chisanaphikidwenso.

Amuna anga anandiyang'ana pamwamba pa masiki. Sanakalipe. Anatembenukira kwa telala.

"Pepani, achemwali," anatero, mawu ali otsika. "Amayi anuwa akukula. Manja ayamba kuwanjenjemera."

"Kalanga ine, amayi, pepani," anatero telala ndi pakamwa pake polemera, akundisisita phewa. "Mukaonane ndi dokotala, zimenezo si zosekerera ayi."

Ndinavomera ndi mutu. Iwo anatenga pepala n'kumulembera kalata yopita nayo kuchipatala chachikulu, akulemba pang'onopang'ono, dzanja lamanzere litapanikiza pepala ndi mkono womwe. Telala anatsika masitepe akupepesabe.

Nditabwerera m'chipinda ndinawapeza atagwada pansi, akutola zida chimodzichimodzi. Chilichonse chomwe ankanyamula chinkalira pathireyi asanachisiye. Sanadzutse mutu.

"Mawa m'mawa kuli mwana wa sukulu wodzamata dzino," anatero. "Kenako agogo aja a mano oikirira. Mugwetsanso?"

Mlomo unali udakali wakufa, koma ndinayesetsa kuti liwu lililonse limveke.

"Ndigwetsanso, bambo. Mawa, ndi mkuja womwe."